Kamera Yaima Pati? Nkhanza m'Mafilimu a Chisipanishi Kuyambira Nthawi ya Pancho Villa

Mabungwe a boma ounika mafilimu ku Spain ndi ku Latin America sankadana kwenikweni ndi magazi. Mbava yowomberedwa pothawa, mwamuna wobaya mnzake polimbirana mkazi, msilikali wofera mbendera, zonsezi zinkadutsa popanda vuto. Sizasi inkatuluka dzanja lokhetsa magaziwo likakhala la wapolisi, msilikali wa boma kapena wansembe. N'chifukwa chake mbiri ya nkhanza m'mafilimu olankhula Chisipanishi imamveka bwino munthu akamayang'ana zinthu ziwiri pa chithunzi chilichonse: pomwe kamera yaima, komanso ngati womenyayo akuoneka nkhope. Njira zambiri zomwe lero zimaphunzitsidwa m'sukulu za mafilimu zinayamba ngati mozembera sizasiyo.

Nkhondo youkira boma ya ku Mexico, yomwe inabuka mu 1910, ndi imodzi mwa nkhondo zoyamba kujambulidwa kwambiri. Mu Januwale 1914 Pancho Villa, mmodzi mwa atsogoleri a oukirawo, anasainirana pangano ndi kampani ya ku America ya Mutual Film kuti izijambula asilikali ake. Makamera a nthawiyo anali olemera, opukusa ndi dzanja, oimika pa miyendo itatu, ndipo ankafuna dzuwa. Nkhondo yeniyeni inkatuluka ngati utsi wakutali ndi timadontho tothamanga, moti zambiri ankachita kuseweranso kuti zioneke. Patatha zaka zoposa 20, Fernando de Fuentes anapanga Vámonos con Pancho Villa (1936), boma litamubwereka masitima, mahatchi ndi asilikali. Mu filimuyi, abwenzi 6 a m'mudzi umodzi amalowa gulu la Villa n'kumafa mmodzimmodzi, ndipo imfa zawo zilibe ulemerero uliwonse. Wina amavulala pa masewero a m'bala oponya mfuti yodzaza m'mwamba atazimitsa nyali. Wina amadwala nthomba, mnzake n'kulamulidwa kuti amuphe ndi kumutentha. Panali mathero ena omwe anajambulidwa koma sanaonetsedwe, anadzapezeka patapita zaka zambiri: Villa mwiniwake akupha mkazi ndi mwana wamkazi wa msilikali wake wakale kuti asakhale ndi chomuletsa kubwerera ku nkhondo. Imfa za asilikali wamba zinafika kwa oonera, koma chithunzi cha mtsogoleri akupha mayi sichinafike.

Luis Buñuel, wobadwira ku Aragón m'dziko la Spain, anayambira kwina. Un chien andalou (1929), yomwe anapanga ku Paris ndi Salvador Dalí, imayamba ndi lezala likucheka diso. Kapangidwe kake n'kosavuta: mwamuna akunola lezala, mtambo wowonda ukudutsa pa mwezi, zala zikutong'ola diso la mkazi, kenako chithunzi chapafupi kwambiri cha diso la mwana wa ng'ombe wakufa, atawalitsirapo nyali yamphamvu kuti ubweya usadziwike. Mkaziyo sanakhudzidwe, woonera ndiye amalumikiza zithunzizo m'mutu mwake. Koma ntchito yake yolemera pa nkhaniyi ndi Los olvidados (1950), ya anyamata a m'makwalala a Mexico City. Jaibo amapha Julián pomugenda ndi mwala kunkhongo n'kumumaliza ndi chibonga, masana dzuwa likuswa mtengo, pa malo omwe akumanga nyumba. Anyamatawo amamenya woimba wakhungu, amatsitsa munthu wopanda miyendo pa kangolo kake n'kukakankhira kutsetse. Chomwe chinakwiyitsa anthu n'chakuti ozunzidwawo si oyera mtima: wakhunguyo ndi wankhanza, mayi wa Pedro, mmodzi mwa anyamatawo, sakonda mwana wake. Mafilimu a ku Mexico a nthawiyo ankaonetsa amphawi oimba, okondana, ovutika mopirira. Pano Pedro amaponya dzira pa galasi la kamera, ngati akugenda woonerayo, ndipo mtembo wake amaunyamula pa bulu usiku n'kukautaya kudzala. Filimuyi anaichotsa m'nyumba ya kanema patangotha masiku atatu. Inabwerera Buñuel atalandira mphoto ya wotsogolera wabwino pa chionetsero cha mafilimu cha ku Cannes, ku France, mu 1951. Nayonso inali ndi mathero achiwiri osungira, osangalatsa, omwe Pedro amapulumuka n'kubwerera kusukulu.

Ku Spain, pa ulamuliro wa Francisco Franco (1939 mpaka 1975), nkhani ya filimu inkayamba yaunikidwa ikadali papepala, n'kudzaunikidwanso itajambulidwa. Nkhondo yapachiweniweni ya 1936 mpaka 1939 inkaloledwa kuoneka mbali imodzi yokha, monga mu Raza (1942), yomwe nkhani yake analemba Franco yemweyo pa dzina lobisa la Jaime de Andrade. Ofuna kunena zina anapeza njira zitatu.

Yoyamba inali kuseketsa. Mu El verdugo (1963) ya Luis García Berlanga, mnyamata wogwira ntchito yonyamula maliro amakwatira mwana wa wonyonga anthu wa boma, n'kulowa ntchito ya apongozi ake kuti banja lisalandidwe nyumba ya boma. Chida chonyongera chinali garrote: woweruzidwa amakhala pa mpando womangirira ku mtengo, kolala yachitsulo pakhosi, wonyonga n'kupotokola chitsulo cha mazinga kumbuyo. Kunyongako sikuoneka. Kamera ili pamwamba, ikuyang'ana bwalo lalikulu loyera la ndende, magulu awiri a anthu akulowera ku kachitseko kakang'ono. Kutsogolo akuperekeza wokanyongedwa, kumbuyo wonyongayo akuchita kumukoka miyendo italobodoka. Ounika anachotsa ngakhale kulira kwa zitsulozo m'chikwama. Chaka chomwecho boma linali litanyonga anthu awiri ndi chida chomwechi, ndipo chinagwiritsidwa ntchito komaliza pa 2 Malichi 1974.

Yachiwiri, kuika chinthu china m'malo mwa munthu, inafika pachimake mu La caza (1966) ya Carlos Saura. Amuna atatu achikulire omwe anamenya nkhondo kumbali ya Franco amapita kosaka akalulu ndi mnyamata mmodzi, m'chigwa chouma chomwe kale munali nkhondo. Ounika analetsa kutchula kuti nkhondoyo inali yapachiweniweni, choncho amangoti “nkhondo ija”. Saura sanafunikire mawuwo. Mauna a akalulu ali pambali pa maenje obisalamo asilikali, m'phanga muli mafupa a munthu, akalulu ambiri akudwala matenda otupitsa maso. Pa chithunzi cha kusakako amalowetsa m'mauna kanyama kowonda kogwira akalulu, akalulu n'kutuluka mothawa, mfuti n'kumalira motsatizana. Akalulu akufawo ndi enieni (lero palibe angalole zimenezo), ndipo zithunzi zake n'zodulidwa mofupikitsa: mfuti, kalulu akugubuduzika, nkhope yathukuta, mfuti ina. Wojambula Luis Cuadrado anawalitsa mchenga mpaka kuthobwa m'maso kuti kutentha kumveke. Kupha anthu kumabwera m'mphindi zochepa zomaliza, amuna atatuwo akuomberana okhaokha, ndipo sikudabwitsa chifukwa thupi la woonera lazolowetsedwa kale kamvekedwe ka mfutizo. Saura anawonjezera kachinthu kena komwe anthu a ku Spain anakamva msanga: mmodzi mwa osakawo ndi Alfredo Mayo, yemwe anali ngwazi ya Raza. Filimuyi inapata mphoto ya Silver Bear ku Berlin. Vuto la njira iyi n'lakuti imadalira woonera wodziwa kale mbiri. Wosadziwa amangoona madoda atatu okangana pa ngongole.

Yachitatu ndi kuimika kamera patali. Mu El espíritu de la colmena (1973) ya Víctor Erice, kamtsikana Ana kamapatsira chakudya munthu wothawa yemwe wabisala m'khola losiyidwa. Imfa ya munthuyo imatenga masekondi ochepa: mdima, kholalo lili kutali, kuthwanima kwa mfuti, kulira kwake, basi. Owombera saoneka. Mawa lake Ana amapeza magazi pa miyala.

Franco atamwalira, lamulo lounika mafilimu linathetsedwa kumapeto kwa 1977, ndipo apa m'pamene zinadziwika chimene boma linkaopa. Mafilimu amaliseche ndi oopseza anasefukira popanda womangidwa. Koma Pilar Miró atapanga El crimen de Cuenca (1979), asilikali analanda filimuyo, iye n'kuimbidwa mlandu m'khoti la asilikali. Nkhani yake ndi yoona ndiponso yakale. Mbusa wa nkhosa José María Grimaldos anasowa mu 1910, amuna awiri, Gregorio Valero ndi León Sánchez, anazunzidwa ndi apolisi a Guardia Civil mpaka kuvomera kuti anamupha, anakhala m'ndende zaka zambiri, kenako mu 1926 mbusayo anapezeka ali moyo. Miró anaika kamera pafupi: kuzula zikhadabo, kudyetsa nsomba yamchere n'kumana madzi, kumangirira munthu kumaliseche. Ndipo ozunzawo avala chipewa chodziwika cha Guardia Civil, nkhope zili poyera. Filimuyi inaloledwa mu Ogasiti 1981, anthu n'kukhamukira kukaionera.

Kuonetsa poyera kuli ndi zovuta zake za ntchito. Bala la chipolopolo amalipanga ndi kachiphuliko kakang'ono komatidwa pa kachitsulo kotetezera thupi, pamwamba pake kathumba ka magazi abodza, zonse pansi pa malaya omwe awapala pang'ono kuti ang'ambike msanga. Magaziwo kawirikawiri ndi manyuchi osakaniza ndi utoto wofiira wa m'zakudya ndi kadontho ka wabuluu. Akafiira kwambiri amaoneka ngati penti, akatuluka ambiri oonera amaseka, ndipo kachiphuliko kakachedwa ndi kamphindi kuyerekeza ndi kugwa kwa wosewera, chithunzi chonse chafa, malaya ena avalidwe, ayambirenso. Chibakera sichifika pankhope: kamera imaima kumbuyo kwa phewa kuti mpata usaoneke, kulira kwake amadzaikamo pambuyo pomenya nyama yaiwisi kapena kuswa kabichi pafupi ndi maikolofoni. Phokoso likaposa kukula kwa nkhonya, nkhanza imasanduka masewero. Miró anapambana chifukwa anachedwetsa zinthu, osaikamo zokometsera, mpaka woonera kufuna kuyang'ana kumbali.

Ku South America zaka za m'ma 1960 ndi 1970, ena ankaona kamera ngati chida cha nkhondo. La hora de los hornos (1968) ya Fernando Solanas ndi Octavio Getino, yotalika maola oposa anayi, inkaonetsedwa mobisa m'nyumba za anthu ku Argentina, n'kumaimitsidwa kuti oonera akambirane. Imasakaniza ng'ombe zikuphedwa kophera nyama ndi zithunzi zotsatsa malonda. Ku Chile, pa 29 Juni 1973, wojambula nkhani Leonardo Henrichsen analoza kamera kwa asilikali oukira boma mu Santiago, msilikali wina n'kumuloza mfuti. Chithunzi chimagwedezeka n'kugwera pansi. Patricio Guzmán anatsekera nacho gawo loyamba la La batalla de Chile.

Tikabwerera ku Mexico, Canoa (1976) ya Felipe Cazals ndi yofunika kuimapo. Pa 14 Sepitembala 1968, antchito asanu a pa yunivesite ya Puebla anafika m'mudzi wa San Miguel Canoa akufuna kukwera phiri la La Malinche. Mvula inawatsekereza, anagona m'nyumba ya munthu wina. Wansembe wa m'mudzimo anali atauza anthu kuti kukubwera achikomyunizimu. Mabelu a tchalitchi analira, zimkuzamawu zinaitana anthu, khamu linabwera ndi zikwanje, ndipo anthu anayi anaphedwa. Cazals amaonetsa mitembo koyambirira, kuti woonera asataye nthawi kufunsa ngati apulumuke, azifunsa kuti zinatheka bwanji. Mlimi wina amayang'ana kamera n'kumafotokoza za minda, misonkho ya wansembe ndi omwe ali ndi ngongole kwa yani. Chipwirikiticho chikamayamba, woonera amadziwa kale amene wapindula. Komabe tisaiwale kuti ndalama za filimuyi zinachokera ku boma la Luis Echeverría, yemwe anali nduna ya za m'dziko pamene asilikali anapha ophunzira pa bwalo la Tlatelolco mu Mexico City pa 2 Okutobala 1968, patangotha masiku 18 chichitikire za ku Canoa. Kuloza chala wansembe wa kumudzi kunaloledwa. Za Tlatelolco zinadikira mpaka Rojo amanecer ya Jorge Fons, yojambulidwa mobisa mu 1989. Ndalama zojambulira khamu ndi akasinja panalibe, chilolezo panalibenso, choncho nkhani yonse ili m'nyumba imodzi ya pa mdadada woyang'ana bwalolo. Kuphako kumamveka pawindo: helikopita, mfuti, kukuwa, magetsi kuzima, foni kuduka. Inatuluka mu 1990 atadulamo mbali zokhudza asilikali.

Phokoso linagwiranso ntchito yaikulu ku Argentina, komwe ulamuliro wa asilikali wa 1976 mpaka 1983 unasowetsa anthu omwe mabungwe omenyera ufulu amati ndi 30,000. Marco Bechis, yemwe anagwidwapo mu 1977, anapanga Garage Olimpo (1999), ya malo obisika ozunzirako akaidi, mokana kuonetsa magetsi akulowa m'thupi. Chitseko chachitsulo chimatsekedwa, wina amakweza wailesi, kamera imatsala pakhonde pomwe alonda akusewera tenesi ya patebulo podikira nthawi yoweruka. Nthawi ndi nthawi timaona mzinda wa Buenos Aires kuchokera m'mwamba, magalimoto akuyenda bwinobwino, ndipo pomaliza ndege ikuuluka pamwamba pa mtsinje wa Río de la Plata, momwe ankaponyamo akaidi atawabaya jakisoni wogonetsa. Bechis anaona kuti woonera akaona bala amamvera chisoni munthu mmodzi. Akaona ndondomeko ya ntchito amazindikira kuti panali ofesi, malipiro ndi mabwana.

Ku Colombia mkangano unali wa amene akudyerera. Luis Ospina ndi Carlos Mayolo, mu Agarrando pueblo ya kumapeto kwa zaka za m'ma 1970, ananyoza ojambula omwe ankasakasaka opemphetsa ndi amisala m'misewu ya Cali kuti akagulitse umphawi ku Ulaya. Víctor Gaviria anayesa njira ina mu Rodrigo D: No futuro (1990), kutenga anyamata enieni a m'mapiri a Medellín kuti asewere moyo wawo ndi chilankhulo chawo. Zinatuluka zoona kwambiri, koma angapo mwa anyamatawo anaphedwa filimu isanafike ku Cannes. Wotenga osewera m'makwalala amawabweza komweko kujambula kukatha, ndipo kutchuka sikuwateteza.

Nkhanza za m'banja zinachedwa kutengedwa mozama. Kwa nthawi yaitali mbama ya mwamuna inali yoseketsa kapena chizindikiro cha chikondi chotentha. Ku Spain zinthu zinatembenuka mu Disembala 1997, Ana Orantes atatenthedwa mpaka kufa ndi mwamuna wake wakale patatha masiku 13 chifotokozereni pa kanema zaka 40 za kumenyedwa. Te doy mis ojos (2003) ya Icíar Bollaín imayamba ndi Pilar akuthawa mwamuna wake usiku ndi mwana, n'kuzindikira ali kale kutali kuti wavala masilipasi a m'nyumba. Kumenya sikuoneka kwenikweni. Mchemwali wake amapeza mapepala a kuchipatala m'kabati, ife timaona mmene Pilar amaumira thupi mwamuna akangokweza mawu. Pa chithunzi choopsa kwambiri, mwamunayo amamuvula n'kumutsekera pakhonde la nyumba yosanja kuti anthu amuone, iye n'kudzikodzera ndi mantha. Bollaín anaperekanso nthawi kwa mwamunayo, ali pagulu la amuna olandira uphungu, zomwe ena anadandaula nazo, koma n'zimene zimafotokoza chifukwa chake mkazi amabwerera. Inalandira mphoto 7 za Goya, zomwe ndi mphoto zazikulu za mafilimu ku Spain, ndipo lamulo lapadera lolimbana ndi nkhanza kwa amayi linakhazikitsidwa mu Disembala 2004.

Kuyambira Disembala 2006, pamene Felipe Calderón, pulezidenti wa Mexico pa nthawiyo, anatumiza asilikali ku Michoacán kukalimbana ndi ogulitsa mankhwala osokoneza bongo, opanga mafilimu ku Mexico akumana ndi vuto latsopano. Zigawenga zimajambula zokha nkhanza zawo n'kuziika pa intaneti, manyuzipepala amasindikiza mitembo patsamba loyamba. Filimu yoonetsa zomwezo ikhoza kungothandiza zigawenga kuopseza anthu. Amat Escalante, mu Heli (2013), anasankha kuonetsabe. Mnyamata wophunzira zachitetezo, yemwe anaba mankhwala n'kuwabisa m'thanki ya madzi padenga la chibwenzi chake, amamangidwa m'chipinda chochezera, kumenyedwa ndi thabwa n'kuyatsidwa moto kumaliseche. Kamera siisuntha, nyimbo palibe. Pambali pali ana omwe asiya kaye gemu ya pa kanema kuti aonerere, wina amapatsidwa thabwalo, mayi ali kukhitchini amasuzumira n'kubwerera ku mapoto. Anawo ndi mayiyo ndiwo nkhani, kungoti motowo ndi waukali kwambiri moti ambiri amatuluka akukumbuka moto wokha. Escalante analandira mphoto ya wotsogolera wabwino ku Cannes, koma mkangano wa ngati anapyola malire sunathe.

Amayi opanga mafilimu anatenga njira ina, chifukwa m'dziko lomwe kaundula wa boma wa anthu osowa anapitirira 100,000 mu 2022, nthawi zambiri mtembo woti uonetse palibe. Mu Noche de fuego (2021) ya Tatiana Huezo, amayi a kumudzi amameta ana awo aakazi ngati anyamata ndi kuwakumbira maenje obisalamo kuseri kwa nyumba, ndipo ana amaphunzira kusiyanitsa kulira kwa magalimoto. Mu Sin señas particulares (2020) ya Fernanda Valadez, Magdalena akufunafuna mwana wake Jesús yemwe anakwera basi yopita kumalire a America. Nkhanza yoyamba yomwe timaona ndi ya muofesi: mabuku a zithunzi za mitembo, magalimoto oziziritsa odzaza matumba, ndi pepala loti asaine kuvomereza kuti mwana wafa, pamene mayi mnzake akumuchenjeza kuti akasaina kufufuza kutha. Za basiyo amazimva kwa nkhalamba yomwe inapulumuka, ikulankhula chilankhulo cha makolo ake popanda mawu omasulira pansi, zithunzi zili mbuu, pafupi ndi moto pataima chinthu chamchira ndi nyanga. Pamenepa Valadez anayenda pangozi, chifukwa kuika chiwanda m'malo mwa wakupha kumachotsa mlandu pa anthu, apolisi ndi andale omwe amalola misewu imeneyo kukhala m'manja mwa zigawenga. Amadzipulumutsa kumapeto, Magdalena atagwidwa usiku ndi anyamata a mfuti. Yemwe wamuloza mfuti ndi Jesús, amene usiku wa basi uja anauzidwa kuti aphe mnzake wa kumudzi kapena afe yekha, ndipo anapha.